Zimene Amayi Ankakachita ku Manda a Asilikali

1

Dzina limene makolo anandipatsa lilipo, koma linasiya ntchito kalekale. Kwathu amanditcha Wailesi. Anayambitsa ndi amayi ondibereka, ati nkhani ikalowa m'khutu langa m'mawa, pofika masana yazungulira kale msewu wonse. Sindikana. Ndili ndi saluni, ndipo mzimayi ukamulowetsa mutu m'makina oumitsira tsitsi, pakamwa pamatseguka pokha. Nkhani zambiri ndaziulutsa osapsa nazo. Iyi yokha inandiwotcha.

Bambo atamwalira, amayi anafota. Ankangokhala pampando wa pawindo, makatani otseka, tiyi akuzizira m'kapu. Achimwene anga, amene amakhala kutali mumzinda waukulu ndipo amavala tayi ngakhale Loweruka, anagamula kuti awatenga akakhale nawo. Chipinda anali atakonza kale, windo lake loyang'ana khoma la garaja. Amayi sanavomere, sanakane. Ine ndinkadziwa kuti akakalowa m'chipinda chimenecho, tidzawatulutsa atagona chagada.

Tsiku lina kasitomala anandiuza za basi imene imanyamula anthu Loweruka kukaona kumene kunachitikira nkhondo yakale ija, kupita m'mawa n'kubwera madzulo. Ndinawagulira amayi tikiti.

"Kumanda?" anatero amayi, tikitiyo ataigwira ndi zala ziwiri. "Anzako amagulira amayi awo nsapato. Iwe wandigulira manda."

"Mukangopitidwako mphepo, amayi. Kuli wofotokozera, kuli mizinga, kuli anthu."

Anapita akung'ung'udza, anabwera akuimba chapansipansi. Loweruka lotsatira anagula okha tikiti. Linzakelo anagula tikiti ndi maluwa. Kenako anatulukira ku saluni, malo amene ankawatcha fakitale ya mabodza, n'kukhala pampando.

"Undidaye tsitsili. Koma usadetse kwambiri, anthu angadabwe."

"Anthu ake ati?"

"Daya tsitsi, Wailesi."

Ine ndinasangalala, koma achimwene ayi. Anaimba foni mawu ali owuma gwa.

"Munthu wabwinobwino sapita kumanda a eni ake sabata iliyonse. Mutu wayamba kuwasokonekera. Mwezi uno ukatha ndikubwera kudzawatenga."

Ndinafunika chifukwa chomveka choti ndiwatsekere nacho pakamwa achimwene, ndipo amayi sankandipatsa. Ndinaganiza zokachitenga ndekha.

2

Ndinavala wigi yofiira imene inakanika kugulidwa, magalasi akuda ndi jekete la mwamuna wanga, n'kukakhala mpando wakumbuyo kwenikweni. Amayi anali kutsogolo, maluwa ali pamiyendo, sanacheuke n'komwe.

Wotitsogolera anali bambo wamtali, wowonda, wonyamula ambulera yofiira imene ankaikweza m'mwamba kuti tisasochere. Aliyense ankangomuti a Ambulera. Anatiimika pa chipilala chachikumbutso, tinakhala chete kwa kamphindi. Anationetsa mzinga wadzimbiri umene mbalame zinamangamo chisa, ndi munda wa udzu umene ati munagwa anyamata ambirimbiri dzuwa lisanafike pamutu. Ankalankhula bwino, moti ndinaiwala pang'ono kuti ndine kazitape.

Masana tinafika ku manda a asilikali. Miyala yoyera, yofanana msinkhu, ili m'mizere yowongoka, udzu wometedwa kuposa mitu ya makasitomala anga. A Ambulera anaima pachipata n'kunena mawu amene zinkaoneka kuti amanena ulendo uliwonse.

"Kuchoka pano tikukwera phiri wapansi, kukaona ngalande zimene asilikali ankabisalamo. Koma amene muli ndi wachibale wogona muno, tsalani mucheze naye. Basi ikutengani pobwerera."

Amayi anakweza dzanja.

"Amayi athu aja, monga mwa masiku onse," anatero a Ambulera, akuwerama pang'ono.

Wachibale? Ife? Kwathu kunalibe ngakhale mlonda wa pageti. Ndinadikira amayi alowe, nane n'kukweza dzanja. A Ambulera anandiyang'ana wigi, n'kundiyang'ana jekete, koma sanafunse.

Amayi analunjika kumzere womaliza, kumene kunali mtengo waukulu ndi benchi. Ine ndinanyonyomala kuseri kwa mpanda wa maluwa. Anayedzamiritsa maluwa awo pamwala, anawakonzakonza mosamala kwambiri, n'kukhala pansi. Posakhalitsa panatulukira nkhalamba yaukhondo ikukankha njinga, chipewa kumutu, fulasiki ili pakaliyala.

"Achemwali, mwafika?"

"Ndafika, achimwene."

"Bambo athu mwawapeza bwanji lero?"

"Ali phee, monga mwa khalidwe lawo."

Anaseka onse awiri. Nkhalamba ija inathira tiyi m'makapu awiri, inayika shuga mwa amayi osafunsa muyezo.

Bambo athu? Agogo aamuna ndinkawadziwa, anali kalipentala, ndipo nkhondo yokhayo imene anamenyapo inali yolimbana ndi chiswe. Ndiye kuti agogo aakazi, mayi wopemphera uja, amene chithunzi chawo chili pabalaza atagwira buku la nyimbo, anali ndi msilikali wawo wam'mbali. Ndinamva chisoni, ndinamva manyazi, koma ndisaname, ndinamvanso kukoma. Nkhani yotere imabwera kamodzi pa moyo wa munthu.

3

Ndinalumbira mumtima kuti sindiuza munthu. Lumbirolo linafika nane mpaka pa siteji ya basi, pomwe ndinaimbira foni achimwene.

"Achimwene, amayi sanapenge. Apeza bambo awo enieni."

Cholinga changa chinali chabwino, ndikukupemphani mukhulupirire. Ndinkafuna achimwene aone kuti amayi ali ndi chifukwa. Koma achimwene anauza alamu, alamu anauza mnzawo mmodzi yekha wokhulupirika, ndipo pofika pakati pa sabata nkhani yanga yomwe inandipeza ku saluni itanenepa.

"Wamva za mayi wina wa mumsewu muno?" anatero kasitomala, mutu uli m'makina. "Ati bambo ake anali mkulu wa asilikali. Ati anasiya nyumba yosanja."

Ndinangowonjezera moto wa makina.

Tsiku lomwelo anafika amayi aakulu, akulu awo a amayi, munthu amene ndodo yake imalankhula iye asanayambe. Sanapite kwa mng'ono wawo. Anabwera kwa ine, n'kuthamangitsa kasitomala pampando.

"Bwereza zimene wanena za mayi anga."

Ndinabwereza.

"Mayi anga ine? Munthu amene ankathawa ngakhale moni wa wogulitsa makala?" Anamenya ndodo pansi. Kenako anatsitsa mawu. "Komatu mng'ono wangayu mphuno yake ndi yosiyana ndi yathu. Ndinkaona kuyambira kale."

Achimwene anafika Lachisanu, atanyamula nkhata ya maluwa yaikulu ngati tayala la thirakitala, ndiponso masutikesi awiri opanda kanthu.

"Tikaone ndi maso," anatero. "Ngati ndi agogo athu, tikawapatse ulemu. Ngati nkhalambayo ndi tambwali wofuna nyumba ya amayi, masutikesi awa adzaza mawa lomwe."

"Bwanji tingowafunsa amayiwo?" ndinayesa.

"Iwe unawafunsa?"

Madzi akatayika saoleka.

4

Amayi anatipeza pa siteji titandandalika: achimwene ndi tayi ndi nkhata yawo, amayi aakulu ndi ndodo, ine wopanda wigi. Anaima, maluwa anatsika pang'onopang'ono mpaka m'chiuno.

"Mukupita kuti nonsenu?"

"Kukaphunzira mbiri yakale," anatero amayi aakulu. "Ati iwe wafika nayo patali."

Amayi anatembenuza maso n'kuwaika pa ine. Anangoti, "Wailesi." Mawu amodzi, koma ndinamva ngati andivula pagulu.

Ulendo umenewo a Ambulera sadzauiwala. Pa chipilala, tili chete kulemekeza akufa, amayi aakulu anatsokomola n'kufunsa mokweza.

"Pepani bambo, asilikali amenewa ankagona kumpanda kwawo, kapena ankaloledwa kuyendayenda m'makomo mwa eni?"

"Nthawi zina ankapatsidwa tchuthi, mayi."

"Tchuthi," anatero amayi aakulu, akugwedeza mutu ngati apeza wakuba. "Ndiye chimene chinationonga."

Pa mzinga anafunsa ngati msilikali ankafunsa kaye kuti mkazi ndi wapabanja. Pa munda wa udzu uja achimwene anajambulitsa ataimika chifuwa, n'kundinong'oneza kuti nthawi zonse ankadzimva kuti ali ndi magazi a usilikali. Munthu woti amaitana mlonda kuti adzaphe mphemvu.

Titayandikira manda, amayi anakoka a Ambulera malaya.

"Lero ndikwera nawo phiri."

"Ndi mawondo amenewo, mayi? Ayi, tsalani ndi bambo anu. Onani, lero mwabwera ndi banja lonse."

Atanena mawu ake a pachipata aja, manja anayi anakwera. La amayi linakwera pomalizira, mpaka paphewa basi.

5

Nkhalamba ija inali itafika kale. Itationa inaimirira, inavula chipewa, nkhope ikuwala. Ndinamva pambuyo pake kuti anthu amaitcha a Mawotchi, chifukwa moyo wawo wonse anali wokonza mawotchi.

"Achemwali, simunandiuze kuti kubwera alendo. Makapu ndatenga awiri okha." Anagwira dzanja la achimwene ndi manja awiri. "Uyu ndiye mwana wathu wa mumzinda uja? Tayi ndaizindikira."

Achimwene anabwera kudzagwira tambwali, koma tambwaliyo ankawasisita dzanja.

Amayi anathamanga, mawondo aja ataiwalika, n'kukayedzamiritsa maluwa awo pamwala. Amayi aakulu anawatsatira, anaima kutsogolo kwa manda, n'kuloza mwalawo ndi ndodo.

"Ndiye ndinu amene. Mwagona bwinobwino pamthunzi, udzu akukumeterani, ife kunja kuno tikutukwanidwa. Bambo anga ankapala matabwa thukuta lili kamukamu, inu muli pa tchuthi."

"Akulu, chonde," anatero amayi.

"Usandigwire. Ndimuuze."

Achimwene anafuna kubweza ulemu pamalopo. Anakonza tayi, anagwada ndi bondo limodzi, n'kusuntha maluwa a amayi kuti nkhata yawo ikhale pakati.

"Usachotse amenewo," anatero amayi.

Anali atachotsa kale. Pansi pa dzina la msilikali panaoneka chaka chimene anafa. Ine ndinachiwerenga osaonapo kanthu. Amayi aakulu anavala magalasi, anawerama, anachiyang'ana nthawi yaitali, milomo ikuyenda. Kenako anaweramuka pang'onopang'ono.

"Chaka chimenechi ine ndemwe ndinali ndisanabadwe. Mayi anga anali asanakwatiwe n'komwe." Anatembenukira kwa amayi. "Ndipo iwe ndiwe mng'ono wanga. Ndiye bambo akowa anakubereka bwanji? Anakutumiza pa positi?"

Amayi anakhala pa benchi, manja ali kumaso.

6

"Si bambo anga," anatero. "Sindikuwadziwa n'komwe."

Analankhula atayang'ana udzu.

"Tsiku loyamba lija, nditaona phirilo, mawondo anga anakana. Ndinamva kuti okhala ndi wachibale atsale, ndiye ndinakweza dzanja. Ndinasankha manda awa chifukwa cha mthunzi ndi benchi. Ndinatulutsa mankhwala opaka mawondo, ndinapaka, kenako ndinaiwala n'kudzitikita m'maso. Misozi inangoti mbwembwembwe. Ndi pamene anafika bambo awa n'kundipeza ndikulira pamanda a bambo awo."

"Ndiye?" anatero achimwene.

"Anandifunsa kuti ameneyu ndi ndani wanu. A Ambulera anali chapafupi, asananyamuke. Ndikanati chiyani? Ndinati bambo anga. Iwo anavula chipewa n'kunena kuti ndiye kuti ndinu achemwali anga. Anandithirira tiyi."

"Bodza la tsiku limodzi ndalimva," anatero amayi aakulu. "Nanga unkabwereranji?"

Amayi anadzutsa mutu, ndipo ulendo uno misozi sinali ya mankhwala.

"Chimwalirire bambo a ana awa, aliyense amene amandiimbira amangofunsa ngati ndamwa mapiritsi. Awa anandifunsa nyimbo imene ndimakonda. Anandifunsa chimene chimandiseketsa. Ndinkati Loweruka likubwerali ndiulula, koma ndikafika ndinkaopa kuti tiyi uja atha. Chaka chija ndinachiona ulendo wachiwiri, ndiye ndinayamba kugula maluwa aakulu." Anatembenukira kwa a Mawotchi. "Pepani. Ndakunamizani, ndanyozetsa bambo anu. Simudzandionanso."

Apa mpamene ndinamva kulemera kwa zimene ndinachita. Ndinkafuna kuwapulumutsa ku chipinda cha garaja, ndipo ndinali nditawakankhiramo ndi manja anga.

Achimwene anaimirira, akusasa udzu pabondo.

"Mwamva nokha. Munthu wosankha bambo chifukwa cha mthunzi sangakhale yekha. Amayi, tikafika mukalongedze."

A Mawotchi anayamba kuseka. Anaseka mpaka anagwira chiwongolero cha njinga kuti asagwe.

"Mphwanga, dikira. Ine ndakonza mawotchi moyo wanga wonse. Zina zonse mukhoza kundinamiza, koma osati nthawi. Bambo anga anafa ine ndili m'mimba. Ndine woyamba, ndine womaliza. Mayi awa nditangowaona ndinadziwa kuti ndi aang'ono kwa ine kutalitali. Komanso fungo la mankhwala a mawondo ndimalidziwa, ndimapaka omwewo."

Amayi anatsegula pakamwa. "Munkadziwa?"

"Kuyambira kapu yoyamba."

"Osanena bwanji?"

"Ndikananena mukanabweranso? Manyazi akanakubisani. Mlendo amabwera kamodzi, koma mlongo amabwera Loweruka lililonse." Anatola maluwa a amayi pa udzu. "Awa mphepo inkawagwetsa kawirikawiri inu mukuyang'ana kumbali. Ndinkawaimikanso ndekha, kuti chaka chisakuchititseni manyazi."

Amayi aakulu anakhala pansi pa benchi. Aka kanali koyamba kuwaona atasowa mawu.

"Koma kunena zoona, uchemwaliwu wanditopetsa," anapitiriza a Mawotchi, akuzunguza chipewa m'manja. "Pali mawu ena amene munthu sangauze mlongo wake. Ndawasunga mpaka akundiwawa pakhosi. Amene waulula nkhaniyi, kaya ndi ndani, wandithandiza."

Maso onse anabwera kwa ine. Ndinayang'ana mtengo.

"Osati pamanda pano, bambo," anatero amayi aakulu, mawu atabwerera.

"Bambo angawa sanandionepo ndikuchita chilichonse, mayi. Sanandione ndikukwawa, sanandione ndikupita kusukulu. Ichi chokha aonereko."

Achimwene anayesa komaliza. "Amayi, chipinda chija ndinapentetsa kale."

"Ikamo njinga za ana," anatero amayi, akupukuta m'maso ndi mpango. "Tsopano tapitani nonse mukawerenge miyala ina. Ndikufuna ndimve mawu amene akuwawa pakhosiwo. Makamaka iwe, Wailesi, upite kutali."

Ndinapita kutali ndithu, koma mphepo inkachokera komweko. Zimene ndinamva sindinena. Nanenso ndikuphunzira.

7

Masutikesi a achimwene anabwerera opanda kanthu monga anabwerera. Nkhata yawo inatsala pamanda a msilikali uja, ndipo a Mawotchi akuti bambo awo sanalandirepo yaikulu choncho. Amayi aakulu anandilamula kuti ndiyende khomo ndi khomo kuyeretsa dzina la agogo. Ndinayenda, koma nkhani yokonza ilibe miyendo. Mpaka lero pali makasitomala amene amandifunsa kuti nyumba yosanja ija tinagawana bwanji.

Ndinafunsapo a Ambulera ngati sankakayika. Anati iwo munthu akakweza dzanja pachipata cha manda safunsa umboni, chifukwa aliyense ali ndi chimene akulira.

Inu owerenga amene muli ndi kholo lotsala lokha, ndikudziwa mmene mumaimbira foni, chifukwa nanenso ndinkaimba choncho. Mwadya? Mwamwa mankhwala? Mwakhoma chitseko? Timawasunga ngati katundu wosweka, n'kuiwala kuti mtima sukalamba limodzi ndi mawondo. Amayi anga anachita kukabwereka bambo kumanda kuti apeze munthu wowafunsa nyimbo imene amakonda, ine mwana wawo ndili pompo, pakamwa pali yasa, kufalitsa za eni. Zimenezi zimandichititsa manyazi kuposa wigi ija. Mukaona kholo lanu layamba kudaya tsitsi, musavale magalasi akuda. Lifunseni, ndipo likakana kuyankha, lipatseni mpata.

Ukwati wa amayi ndi a Mawotchi unachitika mwakachetechete, ngati mungakhulupirire kuti chinthu chimene ine ndinalipo chingakhale chakachetechete. Loweruka lotsatira ndinawaperekeza pa basi ija, ulendo uno ndi tsitsi langa lenileni. Titafika pachipata, a Ambulera anakweza ambulera yawo.

"Amene muli ndi wachibale wogona muno, tsalani."

Amayi anakweza dzanja mpaka m'mwamba. A Ambulera anamwetulira, ndipo kwa nthawi yoyamba anafunsa.

"Ndi ndani wanu, mayi?"

"Apongozi anga," anatero amayi, n'kutsika ndi maluwa ang'onoang'ono.